Mayi Enelesi ndi Vidiyo ya Kingston

Mayi Enelesi a ku Kandeu anali mlimi wa kachewere wodziwika, mpaka matenda a sitiroko atawapha mwendo ndi dzanja lamanja, chaka chomwe zipani zinayamba kuchuluka. Ana awo, Hannah ndi abale ake, anali atakwatiwa kutali. Choncho amuna awo, a Yoramu, ndiwo ankatunga madzi, kuchapa, kusesa ndi kuwasambitsa. Poyamba ndiwo zinkapserera, koma anazolowera.

Kenaka Kingston, mwini golosale ya pamsika, anatsegula nyumba ya vidiyo. Mwa matepi ake munali kanema wakalekale wa azungu, wopanda mawu. M'menemo mwamuna wina wasiyiridwa ntchito zapakhomo: aterereka pa sopo, agwera m'beseni, ufa uli mbuu kumaso, mkazi n'kubwera kudzamukwapula ndi tsache. Poti kanemayo salankhula, Kingston ankaima pambali n'kumamuikira mawu. Mwamunayo anamutcha Yoramu.

Basi, a Yoramu akamapita kumjigo ndi ndowa, amuna apamsika ankakuwa, "Samalani sopo, madala!" Iwo ankangowerama n'kudutsa. Mayi Enelesi atamva zimenezi kwa mnansi, anaitana amuna awo.

"Bambo a Hannah, ndikwezeni panjinga."

"Zisiyeni, mayi, n'zachibwana izo."

"Ndati ndikwezeni!"

Linali tsiku la msika, masana, m'nyumbamo modzaza. A Yoramu anawanyamula n'kuwakhazika pabenchi yakutsogolo. Anaonera mpaka mwamuna uja atagwera m'beseni. Kingston anali atameza mawu.

"Lankhulanitu, a Kingston!" anatero mayiwo. "Mwati dzina lake ndani ameneyo? Mkazi wakeyo ali ndi manja awiri, akumenyera mwamuna. Ine langa n'limodzi. Munthu mukumusekayu amandinyamula kupita nane kuchimbudzi, osadandaula. Inu akazi anu aja atadwala simunawatumize kwawo ku Champiti? Nanga bwanji osaonetsa kanema wa zimenezo?"

Wina kumbuyo anaseka, anzake n'kumutsina. A Yoramu manyazi anawagwira kuposa onse.

Tepiyo Kingston sanaisiye, anangosintha dzina la mwamunayo, ndipo ena anapitirizabe kukuwa kumjigo. Koma Mayi Enelesi sanalolenso kanthu kochokera m'golosale imeneyo kulowa m'nyumba mwawo. Mpaka tsiku lomwe anamwalira, mchere ndi parafini a Yoramu ankakagula kutsidya kwa mtsinje, mvula kaya dzuwa, mayiwo ali pakhonde kuonetsetsa njira imene alowera.