Anduna Amene Anadya Nthawi ya Nyimbo Yawo

Alamu anga, amuna awo a mlongo wanga wamkulu, anabadwa mwana wa mfumu yaikulu ya kwathu kuno cha ku Nsaru, ndipo sanalolepo munthu kuiwala zimenezi. Tsoka lake, kwathu mwana wa mfumu salowa ufumu. Umapita kwa mwana wa mlongo wake wa mfumuyo. Bambo awo atamwalira, ufumu unagwera msuweni wawo, munthu wofatsa wolima mtedza, ndipo alamu anga anapatsidwa unduna. Ntchito yawo inali kunyamula mpando wa mfumu popita ku misonkhano, kuigwirira ambulera, ndi kuyamba kulankhula mfumuyo isanatsegule pakamwa. Mpando umene ankauyesa wawo anauyendetsa paphewa dera lonse, osaukhalapo.

Anayesako ndale. Anakhala khansala kamodzi, natisiyira mlatho wa mitengo umene unapita ndi mvula yoyamba. Ine sinditaya pepala, ndipo kapepala kawo ka kampeni ndikadali nako: malonjezo ali m'munsi timizere tiwiri, kwina konseko ndi mayina a makolo awo. Chisankho chotsatira anthu anawabweza kunyumba.

Atagwa pa ndale anatulukira kuti ndi wopeka nyimbo. Apa ndiye mavuto anasamukira kwa ine, chifukwa ndinali nditapuma pa uphunzitsi, ndikutsogolera kwaya ya mpingo wathu, ndipo ndimadziwa kulemba nyimbo mu solofa. Nyimbo zinkawapeza ali pa njinga. Amafika kwanga kuchokera ku Kabudula thukuta lili kamukamu, osapereka moni poopa kuti nyimboyo ithawa, n'kuima pakhomo akung'ung'udza ngati njuchi yolowa m'botolo. Ndikalemba, amaimbanso mosiyana. Ndikakonza, amaimba mwina. Kenako amauza mlongo wanga kuti ine ndikukalamba makutu. Mapepala onsewo ndili nawo, ndipo aliyense wofuna kudziwa amene ankasintha abwere adzaone.

Mpingo wathu utamaliza kumanga tchalitchi chatsopano, alamu anga anabwera ndi nyimbo yotsegulira. Chimene ankafuna chinali chimodzi: kwaya iimbe nyimboyo pa tsikulo, pamaso pa abusa ochokera kutali ndi mfumu, iwo ataimirira kuti anthu aone amene anaipeka. Mlongo wanga anandiuza kumbali kuti ndisawakanize. Anati bamboyu ufumu unamudutsa, ukhansala unamuthawa, ndipo nyimboyi ndi chinthu chokhacho chimene msuweni sangalowe kapena anthu kumulanda ndi voti.

Nyimboyo inali yaitali ngati ulaliki wa pa maliro a munthu wolemera. Inkayamba ndi agogo awo amene anadula mitengo yoyamba m'derali, n'kubwera kwa amalume a bambo awo, kenako kwa bambo awowo, ndipo Mulungu ankalowa cha kumapeto, anthu atatopa kale. Akulu a mpingo ataimva, mmodzi anafunsa mwaulemu ngati tikutsegula tchalitchi kapena tikumanga chiliza. Anagamula kuti ziimbidwe ndime zitatu zokha, ndipo Mulungu akhale pa ndime yoyamba. Alamu anga anatuluka akunena kuti mpingo wadzaza ndi anthu opanda mbiri, koma mawa lake anabwera ndi ndime zitatuzo.

Pophunzira nyimboyo sankasowa. Ine ndikuimbitsa kutsogolo, iwo ali kumbuyo kwanga ndi litchowa, akuimbitsanso mwa iwo okha. Amayi ena a m'kwayamo ankachokera ku esiteti atasankha fodya tsiku lonse, ndipo sanali ndi mphamvu yotsatira atsogoleri awiri. Komabe ndinene chilungamo, ngakhale chimandiwawa: nyimboyo inali yabwino. Inali ndi malo ena pamene amuna amatsika pansi amayi n'kukwera okha, ndipo pamenepo tsitsi linkachita nyaunyau. Posakhalitsa ndinayamba kuimva pa mjigo.

Pokonza pulogalamu, ndinati nyimboyo ikhale koyambirira, anthu asanatope. Anakana. Anati nyimbo ya mwana wa mfumu singaimbidwe mfumu isanalankhule, ikhale pambuyo pa mawu a mfumu, pafupi ndi pemphero lotsekera. Ndinawapatsa cholembera, nasuntha okha ndi muvi.

Tsikulo linafika ndi vuto limodzi limene tonse tinalidziwa kuyambira m'mawa. Kumudzi wina cha ku Kasiya kunali maliro a nyakwawa, ndipo sakanaika popanda mfumu yaikulu. Galimoto inali ikudikira panja. Mfumu inapempha kuti zinthu ziyende mofulumira, ndipo amene anabweretsa uthengawo kwa akulu a mpingo anali alamu anga omwewo.

Nthawi ya mawu a mfumu itakwana, anduna anaimirira monga mwa mwambo kuti akonze njira. Ntchito imeneyi ndi yaifupi: kulonjera alendo, kunena kuti mfumu ili pano, n'kukhala pansi. Koma ataona khamu la anthu ndi maikolofoni m'manja, makolo onse amene akulu a mpingo anawachotsa m'nyimbo anabwerera. Anayamba ndi agogo odula mitengo. Anafotokoza kumene anachokera, mitsinje imene anawoloka, ndi ng'ombe zimene anasiya m'njira. Abusa achilendo anayang'ana wotchi, kenako denga latsopano, kenako wotchi. Fungo la mpunga ndi nyama ya mbuzi linkalowa pa mawindo, ana n'kuyamba kutuluka mmodzimmodzi. Ine ndinatsokomola. Ndinakweza pulogalamu m'mwamba n'kuloza pamene panali nyimbo yawo. Anandigwedezera mutu mokondwa, poyesa kuti ndikuyamikira, nalowa mu nkhani ya amalume.

Atakhala pansi, mfumu inaimirira, inathokoza Mulungu ndi amene anaumba njerwa, n'kunena kuti anthu akuidikira ku manda. Sinakhalenso pansi. Nthawi yomweyo woulutsa mwambo anaitana kwaya.

Mfumu siyenda yokha, ndipo mpando wake sutsala. Alamu anga anaima pakati pa tchalitchi, dzanja limodzi pa mpando, maso kwa ine.

"Alamu, aimitseni pang'ono oimbawo," anandiuza. "Ndingoperekeza."

"Kukafika ku Kasiya?" ndinawafunsa. "Abusa akuti tiimbe pano kapena tisaimbe n'komwe."

Mfumu inamva, ndipo popeza ndi munthu wachifundo inawagwira pa mkono.

"Tsalani, asuweni, mumve nyimbo yanu. Mpando anyamula ena."

"Ena ati?" anafunsa alamu anga.

Kumbuyo kwa mfumu kunali nyakwawa ziwiri zimene zakhala zikusirira unduna umenewu kwa zaka zambiri, ndipo imodzi inali itatambasula kale dzanja. Alamu anga anaiyang'ana, anayang'ana kwaya itafola mu yunifolomu yochapa, kenako anakweza mpando paphewa n'kutsata mfumu. Galimoto inalira ife tikutenga mawu oyamba.

Tinaimba. Amayi a ku esiteti aja anakwera pamalo paja ngati sanagwirepo fodya chibadwire, ndipo nthungululu zinachokera kumbuyo kwenikweni, kwa anthu amene anali atanyamuka kale kulondola mpunga. Woulutsa mwambo anapempha kuti wopeka nyimbo aimirire. Anthu anatembenuka uku ndi uku. Mlongo wanga anaweramitsa mutu n'kumakonza chitenje chimene chinali bwinobwino.

Anabwerako dzuwa litapendeka, fumbi mpaka m'nsidze, nafikira kwanga asanapite kwawo. Anafunsa ngati anthu analira. Ndinati ena analira. Anafunsa ngati abusa achilendo ananenapo kanthu. Ndinati anapempha kuti ndiwalembere, apite nayo kwawo. Apa ndinayamba kuwamvera chisoni. Kenako anati vuto linali langa, chifukwa munthu wanzeru sangaike nyimbo yotere kumapeto kwa pulogalamu. Ndinalowa m'nyumba, ndinatenga pepala lija, n'kuwaonetsa muvi wa dzanja lawo. Anati inki imafanana.

Akulu a mpingo, pofuna kuwatonthoza, anati kwaya iimbenso Lamulungu lotsatira iwo alipo. Anakana. Anati nyimboyo ndi yotsegulira tchalitchi, si ya Lamulungu wamba, ndipo tchalitchi sichitsegulidwa kawiri. Mpaka lero sanaimvepo ikuimbidwa ndi kwaya pamaso pa anthu. Akaimva pa mjigo amawoloka msewu.

Koma sanagonje. Chaka chino ayamba kuyendera akulu a mpingo mmodzimmodzi, kuwauza kuti anthu akuchuluka, mabenchi akuchepa, ndipo tchalitchi chathu, chimene utoto wake sunayambe n'komwe kusuluka, chachepa. Akuti tiyambe kuumba njerwa.