Nyimbo Yojambulidwa pa Mvula

Mafilimu a ku Korea analowa m'nyumba mwanga ku Leeds popanda odi. Anabwera nawo ndi mwana wanga wamkazi, yemwe anabadwira konkuno, ndipo nthawi imeneyo anali atayamba kuphunzira zojambula mafilimu ku koleji. Ine ndine namwino, ndipo tsiku lopuma ndimafuna kuongola miyendo pa sofa n'kumaonera chinthu chosadwalitsa mutu. Koma iye ankandiikira mafilimu oti maso awerenge mawu pansi, aonenso nkhope pamwamba, eni akewo atangokhala duu. Ndinkanyinyirika. M'mafilimu amenewo mvula sikata, munthu amadya yekha pakakona, kamera itamuyang'anitsitsa mpaka iwe woonera kuchita manyazi. Koma ndisaname, anandigwira mtima pang'onopang'ono, makamaka nditaona kuti mwana wa kumeneko popereka kapu kwa wamkulu amagwira ndi manja awiri ngati kwathu.

Mwanayo ankandionetsanso mavidiyo a nyimbo za achinyamata, n'kumandilozera zimene oimba atengera ku mafilimuwo. Kanjira kopanikiza ka m'nyumba, kamera yoyenda chammbali, magetsi obiriwira, woimba wosasekerera, nyimbo yochedwa kuyamba kuti nkhani iyambe kaye. Ankafotokoza m'Chingerezi, ine n'kumayankha m'Chichewa, monga timachitira masiku onse. Ndinkayesa zimenezo ndi za kusukulu basi.

Kenako mng'ono wanga anaimba nyimbo. Iyeyo amasamalira okalamba ku Wakefield, koma asanabwere kuno ankaimba m'maukwati ku Blantyre, ndipo mawu ake ndi oti ukawamva umasiya chimene ukuchita. Nyimboyo inali yamakono, yovinika pang'ono, yonena za munthu wosowa wokondedwa wake amene ali kutali. Anafuna vidiyo yoti anthu kumudzi aone, ndipo ine ndinati wojambula tili naye m'nyumba momwemu.

Panali chinthu chimodzi chimene mng'ono wangayo ankachiopa kuposa kuzizira. Amayi athu ku Chiradzulu ankangodziwa kuti mwana wawo amagwira ntchito ya zaumoyo. Sanawanamize, koma sanamalize kunena. Kwathu pakamwa pa anthu m'pakuthwa: amati uje anakwera ndege kukatawiza nkhalamba za azungu, n'kuseka chikhakhali. Amayi anali mphunzitsi, munthu wonyadira ana ake, ndipo mng'ono wanga sankafuna kuti mawu amenewo akawapeze kutchalitchi. Choncho vidiyoyo inayenera kuonetsa kuti zinthu zikuyenda.

Mavidiyo akwathu tikuwadziwa. Woimba amasintha zovala ndime iliyonse, amatsamira galimoto yonyezimira ngakhale ndi yobwereka, kumbuyo kuli maluwa kapena madzi otumphuka, ndipo aliyense amene wamuperekeza ayenera kuoneka nkhope. Tsiku lojambula mng'ono wanga anatulukira ndi sutikesi ya madiresi, mawigi awiri, galimoto ya mkulu wa mpingo yotsukidwa mpaka matayala, ndi amayi a kwaya atavala zitenje zofanana kuti azivina kumbuyo. Tonse tinali titapempherera dzuwa. Mwana wanga yekha ndiye ankafuna mvula, ndipo ataona chigulucho anandikokera pambali nkhope itagwa.

"Amayi, nyimboyi ndi ya munthu amene ali yekha," anatero m'Chingerezi. "Nanga anthu onsewa ndiwaika pati?"

"Uwaika pamene akufuna," ndinamuyankha. "Amenewa ndi amayi ako aang'ono. Ujambule kaye zawozo, zakozo upemphe pambuyo."

Anamvera, ngakhale anali atatupa. Tinazungulira m'tauni ya Leeds tsiku lonse, amayi akuvina pamaso pa nyumba zazitali, mano akuguguda ndi mphepo koma kumwetulira osasiya. Mmodzi anakwiya kuti amuika kumapeto kwa mzere. Wina anafuna kubwereza chifukwa duku linapendama. Pomaliza, mwana wanga anapita kwa mng'ono wanga, nagwira dzanja lawo ndi manja awiri, n'kulankhula Chichewa chake chopunduka chija.

"Amayi aang'ono, mundipatse tsiku limodzi. Mukapanda kukonda, ndifufuta."

Munthu amene salankhula Chichewa akachiyesa chifukwa cha iwe, kukana kumavuta. Mng'ono wanga anavomera.

Tsiku lakelo kunagwa mvula yowaza ija ya kuno, yosatha. Mwanayo anati pasakhale wigi, pasakhale diresi, mng'ono wangayo avale yunifolomu ya kuntchito ndi jekete lake lakale. Anamujambula akudikira basi ku Wakefield, kenako atakhala pawindo la basi madzi akuyenderera pagalasi, nkhope ikuoneka mbali imodzi yokha. Anamujambula akudya mpunga wa m'kontena ali yekha, osayang'ana kamera. Mng'ono wanga ankangofunsa kuti, "Nanga ndiyamba liti kuimba?" Yankho linali loti nyimbo izimveka yokha, iye asatsegule pakamwa mpaka ndime yomaliza.

Kuntchito kwake sakanajambula, chifukwa malamulo salola, ndiponso okalambawo ali ndi ulemu wawo. Ndiye nkhalamba yoti isambitsidwe m'vidiyomo anaisowa, mpaka maso onse anagwera pa ine. Ndinakana, ndinati ine sindinafike pamenepo, koma anandikhazika pampando m'kanjira ka m'nyumba mwanga, atazimitsa getsi lalikulu n'kuyatsa kanyale kobiriwira. Anandifunditsa bulangete, mapazi m'beseni. Mng'ono wanga anagwada, n'kuyamba kundisambitsa monga amachitira kuntchito. Anayesa kaye madzi ndi chigongono, nanyamula phazi langa ngati dzira, n'kumapukuta pakati pa zala mosathamanga, akung'ung'udza nyimbo yake osadziwa. Ndakhala namwino zaka zambiri, koma sindinkadziwa kuti mwana amene ndinkamubereka kumsana ali ndi manja oterowo. Ndinamva chisoni ndi kunyada nthawi imodzi, ndipo ndinathokoza kuti kamera inali pa mapazi okha.

Mavidiyo onse awiri atatha, tinawaonera kunyumba kwanga pamodzi ndi amayi a kwaya aja. Yoyamba inali bwino ndithu, aliyense anadziona, panali nthungululu. Koma nyimbo ndi zithunzi zinkayenda njira zosiyana: mawu akulira, ife tikuseka pafupi ndi galimoto ya eni. Yachiwiri itayamba, m'nyumba munangoti zii. Basi, mvula, mpunga, kanjira kamdima, manja ndi mapazi, ndipo pamapeto pake nkhope ya mng'ono wanga inatembenuka n'kuimba mzere umodzi wokha.

Woyamba kulankhula anali mayi wina wachikulire. Anati kumudzi akaona zimenezi aziti tikuvutika, kapena kwagwa maliro. Ena anavomereza. Koma panali mtsikana wa ku Zambia amene amagwira ntchito limodzi ndi mng'ono wanga, ndipo iye anali akupukuta m'maso.

"Ba sisi, uyu nine," anatero. "Iyi basi ndiye yamene nimakwela. Palibe anationesapo so."

Mng'ono wanga anaimirira n'kukalowa kukhitchini. Ndinamutsatira.

"Achemwali, ndi yokongola, sindikukana," anatero. "Koma amayi akaiona adziwa zonse. Yunifolomu ija, beseni lija. Ndiwauza chiyani?"

Mwana wanga anaima pakhomo n'kunena kuti lonjezo lake lilipobe, akangonena mawu amodzi afufuta. Mng'ono wanga anamuyang'ana n'kunena kuti asafufute, koma asaonetsenso wina aliyense. Inakhala choncho masabata angapo, yoyambayonso osaitulutsa. Ndikamufunsa mng'ono wangayo, ankati akaionera yovina ija amamva ngati nyimbo ndi ya munthu wina. Tsiku lina anangondiuza kuti watumiza yamvulayo pa foni ya mlongo wathu amene ali kumudzi kuti akaonetse amayi, iwo okha, anthu ena asanaione. Anati kuli bwino amve kwa iye kusiyana n'kumva kutchalitchi.

Amayi anaimba foni ya vidiyo Lamulungu masana, tonse titangobwera kopemphera. Monga mwa nthawi zonse, foni anaiyandikiza kwambiri moti tinkangoona chipumi ndi magalasi. Mng'ono wanga anakhala pampando manja ali pakati pa mawondo.

"Nyimbo ndi yabwino," anayamba choncho. "Koma magetsi amavutanso kumeneko? Mdima wokhawokha."

Ndinawauza kuti ndi mmene mdzukulu wawo anaphunzirira, kutengera mafilimu a ku Korea. Anati chabwino, koma tsiku lina ayatse. Kenako anati mapazi ali m'besenimo ndi anga, chala chopindikacho ndi cha malemu bambo athu, ndipo tisaganize kuti tingawapusitse ndi bulangete. Tinaseka tonse, kupatula mng'ono wanga.

"Amayi, koma ntchito yanga ndi imeneyo," anatero. "Ndimasambitsa okalamba, kuwadyetsa, kuwasintha akadziipitsira. Za ofesi palibe."

"Nanga ine ndinati ndiwe dokotala?" amayi anayankha. "Olankhula alankhule, pakamwa m'pawo."

Chipumi chija chinasuntha. Kenako anapitiriza motsitsa mawu.

"Ndinamuuza mlongo wakoyu abwezere pamene ukupukuta pakati pa zala. Ndaonerapo kangapo. Ine masiku ano msana sundilola kuwerama. Ndimangothira madzi, n'kuwasiya aume okha."

Mng'ono wanga anali atakonzekera kukalipiridwa kapena kuchititsa manyazi, koma izi sanazikonzekere, ndipo inenso zinandilasa, pakuti tonse awiri tili kuno kusamalira makolo a eni. Mng'ono wangayo anagwira pakamwa, misozi ikudutsa pa zala. Mwana wanga, amene Chichewa amachimva chonse ngakhale sachiyankha, anatsamira khoma n'kuyang'ana pansi.

"Usalire," anatero amayi. "Anthu akowo uziwasambitsa choncho, osathamanga. Nawonso ana awo ali kutali."