Amayi Anapambana Atagwada

Chaka chimenecho mzinda wina wa ku China unalandira masewera a m'nyengo yozizira a mayiko a ku Asia, ndipo ife ku Silver Spring, kutsidya kwa nyanja kuno, tinkangoonera pa kanema, popeza sukulu anali atatseka chifukwa cha sinowo, chipale chofewa chija chogwa ngati ufa. Ena ankatsetsereka m'mapiri, ena kuvina pa ayezi, ena kusesa ndi matsache kutsogolo kwa mwala ngati kukubwera alendo. Ankolo a pansi pathu, a ku Chipata, oyendetsa basi ya sukulu, anakwera kudzaonera kwathu chifukwa kanema wathu ndi wamkulu.

"Nanga a ku Africa amachitikira kuti?" ndinafunsa.

"Kulibe," anatero ankolo. "Koma akazabwela, golide yonse ni ya Zambia. Ba Malawi mungabwele chabe kutiombela m'manja."

Amayi anangoseka n'kupitiriza kusita yunifolomu yawo. Ine sindinaseke. Pofika madzulo ndinali nditagogoda khomo lililonse la m'mafulati athu kulengeza kuti Loweruka mzinda wa Silver Spring ulandira masewera a sinowo a Africa yense, pa chitunda cha kuseri chija chotsikira ku bwalo la mpira. Mayiko tinali nawo kale: Aitiyopiya, Akameruni, Aghana, Azambia odzaza nyumba zingapo, ndi Amalawi awiri, ine ndi amayi. Mamendulo ndinapanga ndi zivundikiro za zitini. Mphoto yeniyeni inali yakuti dziko lopambana lipachika nsalu yake pa khonde la pamwamba pa khomo lalikulu, pomwe aliyense amadutsa, mpaka sinowo atasungunuka.

Ankolo anadzisankha okha kukhala wapampando, n'kuika lamulo limodzi. Mpikisano womaliza, wotsetsereka pa chitunda, ukhala wa akuluakulu, ndipo wopambana pamenepo ndiye watengera dziko lake khondelo. Dziko lopanda wamkulu lichotsedwa.

"Manje ba mayi bako bazatsika?" anandifunsa akumwetulira.

Ankadziwa chimene ankachita. Amayi amagwira ntchito yosamalira okalamba, amanyamula anthu olemera kuposa iwo, saopa magazi, saopa abwana. Koma chaka chawo choyamba kuno anaterereka pa ayezi pothamangira basi, n'kugwa chagada pamaso pa anthu, ndipo kuchokera tsiku limenelo sinowo ndi mdani wawo. Akamayenda pa iye amaponda ngati bakha, manja ali m'mbali. Nditawapempha kuti aimire Malawi, anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

"Iwe, ndinawoloka nyanja kudzathyoka msana chifukwa cha chivundikiro cha chitini?"

Ndinayesa kuwanyengerera, kutsuka mbale osatumidwa, ngakhale kuwayankha m'Chichewa chokhachokha tsiku lonse, chinthu chimene amachilakalaka. Anati zikomo, koma ayi. Ndiye ndinakhala pansi n'kudzifunsa kuti n'chiyani chimene amayi sangakane, ngakhale kunja kutagwa miyala. Yankho linali limodzi. Amayi sangamve kuti munthu wamkulu wafika pakhomo, iwo osapita kukapereka moni. Ndipo moni wawo sapereka ali chilili. Ku tchalitchi, m'sitolo, ngakhale poimika magalimoto, akaona wamkulu amagwada mawondo onse awiri, manja n'kuwomba pang'onopang'ono. Azungu amatembenuka kuyang'ana, iwo alibe nazo ntchito.

Ndinaimbira foni amayi busa a ku tchalitchi chathu cha ku Bowie, mayi wachikulire amene mpingo wonse umamulemekeza, kuwapempha kuti adzakhale mlendo wolemekezeka. Anavomera msanga, chifukwa amakonda kuitanidwa. Ntchito yawo inali kukhala pa mpando pamwamba pa chitunda n'kugwetsa mpango kuti mpikisano uyambe. Zina zonse sindinawauze.

Musaganize kuti ndine mwana wopanda chisoni. Lachisanu lonse ndinalithera pa chitunda chija ndi thabwa langa lapulasitiki lotsetserekera, lija lalitali lokhala ndi chingwe kutsogolo. Ndinkatsika nditagwada, nkhope itayang'ana kumwamba kwa chitunda, msana uli kutsogolo, mobwerezabwereza mpaka mawondo kuchita dzanzi. Ndinachotsa timitengo tonse m'njira. Pansi pake ndi bwalo lathyathyathya, sinowo wofewa ngati ufa, palibe msewu kapena mtengo. Ndinapezanso kuti munthu wogwada amathamanga kuposa wokhala.

Loweruka linafika ndi dzuwa lowala koma losafunda. Ana tinapikisana kaye. Aitiyopiya anatenga mendulo yothamanga, monga mwa nthawi zonse. Ine ndinapata yoponya mibulu ya sinowo, ngakhale Akameruni anadandaula kuti ndinkalunjika anthu osati chidebe. Kenako inakwana nthawi ya akuluakulu. Bambo wa ku Ghana anakhala pa thabwa lake, mayi wa ku Kameruni pa lake, ankolo pakati atavala magalasi akuda ndi chipewa chobiriwira. Malo a Malawi anali kumapeto, pafupi ndi mpando wa amayi busa. Pamenepo ndinakwirira thabwa langa pang'ono mu sinowo, n'kuyalapo chitenje chatsopano, chingwe n'kuchiponda ndi phazi la mnzanga wa ku Itiyopiya.

"Malawi ali kuti?" anafuula ankolo. "Tiwelenge kuti bathawa?"

"Dikirani pang'ono, a wapampando," ndinatero, n'kuthamangira m'nyumba.

Amayi ndinawapeza ali pa sofa, atafunda bulangete.

"Amayi busa ali panja."

Anadzambatuka. "Panja pati? Bwanji osawalowetsa, mwana wopanda mwambo iwe?"

"Akuti mawondo sakuwalola kukwera masitepe. Akhala pa mpando kuseriku."

Zimenezi sizinali bodza lenileni, chifukwa mawondo awo amavutadi. Amayi anavala jekete, nsapato za sinowo, chitenje pamwamba pa thalauzi, n'kutuluka akung'ung'udza. Anayenda kuyenda kwawo kwa bakha kuja mpaka pamwamba pa chitunda, maso ali pa amayi busa okha. Anthu onse aja ankangowaona ngati khamu la ana osewera.

"Ndakuyalirani apa kuti mawondo asazizidwe," ndinatero mwaulemu wonse, n'kutenga malo a mnzanga pa chingwe.

"Koma lero wakula," anatero amayi, n'kugwada pa chitenje chija, nkhope kwa amayi busa, msana kotsetsereka. Anayamba kuwomba m'manja. "Mwafika, mayi? Muli bwanji?"

"Ndili bwino, mwanangu, kaya inu?"

Ine ndinawerama kwa amayi busa n'kunong'ona kuti onse akonzeka. Anakweza mpango n'kuugwetsa. Ndinachotsa phazi pa chingwe, n'kukankha thabwa pang'ono ndi chidendene.

Amayi anayamba kuchoka pang'onopang'ono, ngati basi ikunyamuka pa siteji. "Ndili bwino, kaya kunyu..." Mawu otsalawo anapita ndi mphepo. Sanakuwe. Sanagwe. Munthu amene wagwada moyo wake wonse, pa simenti, pa miyala, pa matailosi oterera a m'tchalitchi, sagwedezeka wamba. Anangogwira m'mbali mwa thabwa, msana uli njo, chitenje chikuuluka, maso ali pa ine. Maso amenewo ndinawamva ngakhale atafika pakati pa chitunda.

Bambo wa ku Ghana anakhotera kumbali. Mayi wa ku Kameruni ankakwekwereza mapazi chifukwa cha mantha. Ankolo ndiwo anali patsogolo, mpaka pamene anaona amayi akuwapitirira chafutambuyo atagwada ngati ali m'pemphero. Anatembenuka kuti aonetsetse, thabwa lawo n'kupendekeka, iwo n'kulowa mu sinowo mutu woyamba, magalasi uko, chipewa uko. Amayi anadutsa mzere womaliza okha, n'kukaima pakati pa bwalo akadali chogwada.

Chitunda chonse chinaphulika. Ana a mayiko onse ankaimba dzina la Malawi, ngakhale a ku Zambia omwe. Amayi anadzuka, anasasa chitenje, n'kuyamba kukwera. Ndinaona kuti sakuyendanso ngati bakha. Ankaponda mwamphamvu, ngati popita kukalanga munthu. Atafika pamwamba anandidutsa osandiyang'ana, anagwada pa sinowo weniweni, n'kumaliza moni wawo.

"Ndimati kaya kunyumba, mayi, abusa ali bwanji?"

Amayi busa anali atafa ndi chiseko. Ankapukuta misozi ya kuseka ndi mpango womwe uja.

Ankolo anafika akupuma wefuwefu, sinowo ali m'makutu. "Iyi ni chinyengo. Sibanalembese. Futi banayenda chakumbuyo."

"Lamulo linati wamkulu," anatero amayi busa. "Kodi awa ndi mwana? Mpango ndagwetsa ine, ndipo ndaona amene wafika. Malawi."

Apo m'pamene amayi anandigwira khutu. Analipotokola bwinobwino, pamaso pa Africa yense, n'kundikokera pafupi.

"Foni yako ndisunga ine mpaka sinowoyu atatha," anatero chapansipansi. Khutu lidakali m'manja, anafunsa: "Ndiye akuti ndawaposa onse? Ndi a ku Chipata omwe?"

"Onse, amayi."

"Mhm." Anandisiya, n'kutembenukira kwa ankolo. "Achimwene, paja munati tidzabwere kudzawomba m'manja. Ndabwera, ndawomba. Vuto lili pati?"

Chitenje chomwe anagwadirapo chija ndi chimene tinapachika pa khonde. Chinakhala pamenepo mpaka udzu unayamba kuoneka, ndipo m'mawa uliwonse ankolo ankadutsa pansi pake popita ku basi yawo, maso ali pansi. Mendulo ya chitini amayi anaipachika pa galasi la m'chipinda mwawo. Poimbira foni azakhali ku Lilongwe ndinkawamva akufotokoza kuti anapambana mpikisano wa mayiko a mu Africa, atagwada, chafutambuyo. Za ine sankatchulako.

Foni ndinaisowa, koma akanati ndisankhenso, ndikanachotsa phazi lija msanga kuposa poyamba. Amayi mpaka lero amagwada akaona wamkulu. Kungoti ndikawayalira chitenje, amayamba achinyamula kaye n'kusuzumira kunsi.