Mbendera ya Che Sumaila

Tsiku limene Che Sumaila anagwera m'ngalande ya pafupi ndi Msika wa Tsoka ku Lilongwe, anali atavala mkanjo woyera, wa mtundu umene ena amasungira Lachisanu. Ankayenda chafutambuyo, nkhope ili kwa alendo awo awiri achizungu, dzanja lamanja litakweza kambendera kachikasu, pakamwa pakutuluka mbiri ya msikawo m'Chingerezi chawo cha m'sitolo. Ali mkati mofotokoza, nthaka inawathera. Alendo anangoona kuti munthu wasowa, kwatsala mbendera yokha ikukupiza pamwamba pa ngalande. Madzi a mmenemo safuna kuwafotokoza. Aliyense amene amadutsapo nthawi ya dzinja amawadziwa ndi mphuno. Akabaza anawavuula, mzuli unapezeka kutsogolo utakodwa m'makoko a nzimbe, ndipo Che Sumaila atangoponda kumtunda anapitiriza nkhani ija pomwe anailekezera. Sanathyoke paliponse. Mpaka lero ogulitsa kaunjika amawayamikira kuti mbendera sinakhudze madzi.

Kuyenda chafutambuyoko anakutenga ku China. Kwa zaka zambiri bamboyu ankayeza ndi kudula nsalu m'sitolo ya a Arvind, mmwenye wa ku Old Town, ndipo anali munthu wosadziwika ndi nkhani iliyonse. Ndiye chaka china msana wa bwana utayamba kuvuta, a Arvind anawatenga pa ulendo wokagula katundu kuti azikawanyamulira zikwama. Eni fakitale ya nsalu, pofuna kusangalatsa kasitomala, anawaperekeza kukaona mzinda wakale wa Xi'an, umene Che Sumaila amautchula kuti Shiyani mwachikondi ngati dzina la mdzukulu. Kumeneko anaona linga lalitali lozinga mzinda ndi asilikali oumbidwa ndi dothi, koma izi sizinawalowe kwenikweni. Chinawalowa chinali msewu wa Asilamu achitchaina, anthu a mizuli yoyera ngati wawo womwe, ndi mayi wina amene ntchito yake inali kuyendetsa alendo mumsewumo. Mayiyo ankanyamula kambendera, ankayenda chafutambuyo akulankhula, ndipo pa khomo lililonse ankawapatsa kambale kakang'ono: apa kanyama ka nkhosa kotungidwa pa kamtengo, apo buledi wonyenyera mu msuzi, uko kachitumbuwa kotsekemera. Lamulo lake linali limodzi: mlendo azingolawa, asakhute mpaka khomo lomaliza. Ndipo ntchitoyo ankadya nayo.

Atabwerako, nkhani ya Shiyani anaifotokoza kumzikiti, kumaliro, kwa ometa, mpaka anzawo anayamba kukumbukira zochita zina akangowaona akubwera. Maganizo awo anali oti Old Town nayo ili ndi mzikiti, ili ndi msika, ili ndi azimayi odziwa moto. Chosowa ndi munthu wa mbendera basi. Anatsanzika kwa a Arvind, amene anawafunsa kawiri ngati mutu uli bwino. Mbendera anawasokera ndi akazi awo, mai Rahima, kuchokera ku chigamba cha diresi, ndipo poisoka sananene kanthu. Amene amawadziwa mayiwa amati kukhala chete kwawo kumaposa kukalipa kwa anthu atatu.

Ntchito sinayende. Ku mahotela a ku City Centre ankawalandira ndi ulemu, kuwamvetsera mpaka kumapeto, n'kuwauza kuti adzaimbiridwa. Ku Area 10 ankathera pa geti kukambirana ndi alonda, galu akuwerengera mapazi awo kuseri kwa mpanda. Munthu mmodzi yekha amene ankawapezera alendo anali a Nebert, dalaivala wa mabwana a kumeneko, mnzawo wa pa bawo. Alendo akabwera, mwezi uno awiri, mwezi wamawa zii, ankafika ndi madzi awo m'mabotolo, kujambula chakudya mbali zonse, n'kuchiluma kumphepete ngati chiwaluma iwo. Lilongwe alibe linga, alibe asilikali adothi. Che Sumaila ankawaimika pa mlatho n'kuwaonetsa mtsinje, mtsinjewo n'kuwaonetsa mapepala apulasitiki. Masiku ambiri mbendera inkagona kuseri kwa chitseko, ndipo pakhomo pankadyedwa za mandazi a mai Rahima.

Zonsezi zikanapiririka pakanapanda nkhani ya Shamsia, mwana wawo wamkazi mmodzi yekhayo. Shamsia anali pa chibwenzi chodziwika ndi Shabir, mnyamata waulemu, makaniko, mwana wa mai Suhaila a ku Area 15. Ankhoswe anali atakumana kale, koma tsiku la ndowa, ukwati wachisilamu, linkangokankhidwa. Chifukwa chake sichinkatchulidwa, ngakhale kuti Old Town yonse inkachidziwa: mai Suhaila, mayi wamasiye wa nyumba ya mpanda, amene pilawo wawo, mpunga wophikira pamodzi ndi nyama, amaitanidwira maukwati mpaka ku Salima, sankafuna kuti mwana wawo akwatire kwa munthu amene anagwera m'ngalande atanyamula mbendera. Shamsia ankaphika, ankachapa, ankadikira. Bambo ake akamuyang'ana, ankaona kuti mwanayo akulipira ulendo wa ku China umene sanapiteko.

Ndiye a Nebert anabwera ndi uthenga woti mabwana awo atsopano, Atchaina atatu omanga misewu, bambo wachikulire ndi anzake awiri, akufuna kuyenda ulendo wa zakudya Loweruka. Che Sumaila anaona ngati Mulungu wawakumbukira. Awa ndiwo eni ntchito, odziwa tanthauzo la mbendera, osaopa chakudya cha m'misewu. Ndipo m'mutu mwawo munabwera nzeru imene anaiyesa yaikulu kuposa zonse: khomo lomaliza likhale la mai Suhaila. Mayiwo adzaone ndi maso awo galimoto ya ku Area 10 itaima pa geti pawo, alendo olemekezeka akutamanda pilawo wawo, ndipo adzadziwe kuti mbendera si misala. Anapita okha kukapempha, atavala mkanjo wochita kusita. Mai Suhaila anawamvetsera akusenda adyo, ndipo anavomera ndi mawu ochepa, monga mmene munthu amavomerera kuyesa nsapato imene akudziwa kuti sagula.

Makomo anali anayi. Loyamba kwawo komwe, kwa mai Rahima. Lachiwiri kwa mai Sellah, oyandikana nawo nyumba, ophika thobwa. Lachitatu kwa wootcha nyama ya mbuzi wa kuseri kwa mzikiti. Lomaliza ku Area 15. Che Sumaila anagula timbale tating'ono ta tiyi n'kutigawa khomo ndi khomo. Aliyense anamufotokozera lamulo la Shiyani, kuti mlendo alawe chabe, ndipo aliyense anagwedeza mutu n'kulandira timbaleto. Iwo anabwerera kunyumba mtima uli m'malo. Anali atakhala mu Old Town moyo wawo wonse, anali atadya m'makomo onsewo, koma anaiwala chimene mwana aliyense wa kumeneko amachidziwa: kuti kambale ka tiyi n'koikapo kapu, ndipo mlendo amene watuluka m'nyumba mwako akuyenda bwinobwino ndiye kuti wakuchititsa manyazi.

Loweruka galimoto inafika mmawa dzuwa litakwera. Alendo ataona mbendera anaseka mokondwa, wachikulireyo n'kuigwira ndi kunena kanthu m'chinenero chawo, ndipo Che Sumaila anatsala pang'ono kugwetsa misozi. Anawalowetsa m'nyumba. Pa mkeka panali chapati chosanjikizana, nkhuku yachikuda, futali wa mbatata, samusa zodzaza beseni. Timbale tija tinali pambali, titaikidwa mchere ndi tsabola. Anatsatira akazi awo kukhitchini n'kuwanong'oneza za lamulo, koma mai Rahima sanatembenuke n'komwe.

"Anthuwa akuchokera pano kupita kwa asebele anga," anatero. "Mukufuna akanene kuti kwa make Shamsia anawapatsa samusa imodzi pa sosala? Mwana wanga azikanyozedwa nazo mpaka kukalamba?"

Atatero anatuluka n'kukaima pamutu pa alendo. Mbale ikangooneka pansi pake, ankaidzazanso. Alendowo anali anthu oleredwa bwino, ndipo chakudyacho chinali chokomadi, anadya. Kwa mai Sellah, amene anali ataona pa mpanda zonse zimene zinalowa m'nyumba ya anzawo, thobwa linabwera m'makapu aakulu apulasitiki, ndipo mayiwo anati kapu imodzi ndi yotsukira kukhosi chabe. Amene anamwapo thobwa la mawere amadziwa kuti limafika m'mimba n'kuyala mphasa. Wootcha nyama uja, atamva kuti azimayi awiri amuposa, anathira pa chiwaya mwendo wonse. Che Sumaila ankakupiza mbendera, ankaloza wotchi, ankayesa kubisa mbale, koma pa khomo lililonse mwini khomo ankawayang'ana ngati munthu wofuna kumana alendo ake omwe. Pobwerera ku galimoto, sanafunikenso kuyenda chafutambuyo kuti aone alendo; alendowo ankayenda pang'onopang'ono moti anachita kuwadikira.

Ku Area 15 geti linali lotsekula kale. Mai Suhaila nawonso lamulo la Shiyani analimva n'kulisiya pomwepo. Anali atapha mbuzi, ataphika pilawo wa mpunga wa Kilombero mumphika wa maukwati, ndipo anali ataitana achemwali awo ndi azilamu awo kuti adzaonerere alendo akudya. Azimayiwo anali atakhala mondondozana pa khonde atavala zatsopano. Shabir ndiye ankasambitsa alendo m'manja. Chivundikiro chitachotsedwa, fungo linadzaza bwalo lonse, ndipo alendo anaombera m'manja, kutulutsa mafoni, kujambula. Kenako aliyense anatapa supuni imodzi. Wina anaitafuna nthawi yaitali ngati akuganiza za kwawo. Wina anapempha madzi. Wachikulire uja anatsamira pa mpando wofewa, n'kutseka maso kuti ayamikire bwino, ndipo sanawatsekulenso mpaka a Nebert atamugwedeza.

Azimayi a pa khonde anayang'anana. Che Sumaila anaona mbale zitatu zodzaza, anaona nkhope ya mai Suhaila, ndipo anachita chokhacho chimene chinawabwerera m'mutu: anakokera mbalezo kwa iwo n'kuyamba kudya. Anadya ya woyamba, anadya ya wachiwiri, thukuta likutsika pansi pa mzuli, akutamanda mpunga pakati pa nthongo iliyonse ndi mawu okweza kuti azimayi a pa khonde amve. Anamvadi, ndipo anaonanso. Mawa lake nkhani inali yoti bambo ake a Shamsia anabweretsa alendo okhuta kuti apezerepo mpata wothetsa njala yawo.

Koma tsikulo mai Suhaila anadikira kuti alendo akwere galimoto. Anavundikira mphika wawo modekha, n'kupukuta manja pa chitenje.

"Che Sumaila, ine ndaphikira maukwati ndi maliro, ndipo mbale yanga sinabwererepo yodzaza," anatero. "Mukawauze akunyumba kuti uthenga wawo ndaumva. Ngati amafuna kundionetsa kuti odziwa kuphika ndi iwo, akanangondiitana ndekha, osati pamaso pa abale anga."

Anayesa kufotokoza za timbale, za lamulo, za mayi wa ku Shiyani. Mai Suhaila anawaperekeza mpaka pa geti mwaulemu wonse, ndipo geti linatsekedwa asanamalize.

Isanathe sabata, nkhoswe ya kwa Shabir inabwera kudzanena kuti nkhani ya ndowa iyambe yaima kaye. Mawu oti kaye amenewa aliyense amawadziwa kutalika kwake. Mai Rahima anakana kukapepesa, ati sangapepese chifukwa chodyetsa alendo, ndipo azimayi onse a mumsewu wawo anawaikira kumbuyo. Che Sumaila anapita okha ku Area 15 kangapo, n'kumauzidwa kuti mayi achokapo pamene mawu awo akumveka m'kati. Shabir anapitiriza kuimba foni kwa kanthawi, kenako anayamba kutanganidwa. Chaka chisanathe kunamveka kuti wapezeredwa mtsikana wa ku Mangochi. A Nebert anabweretsa uthenga woti Atchaina aja akuti chiyambire sanalandiridwepo chotero, ndipo akuthokoza kwambiri. Koma sanabwerenso, ndiponso sanatumize anzawo. Kwa a Arvind, pa kauntala panali pataima munthu wina kalekale.

Shamsia sanawadzudzulepo bambo ake, ndipo chimenechi ndicho chimawadya. Amawapatsa madzi osamba, amawaikira tiyi, amawayankha mwaulemu, koma nsalu imene anasankhira ndowa anakaipereka kwa msuweni wake, ndipo dzina la Shiyani likatchulidwa amatuluka kukaona ngati zovala zauma. Masiku ano Che Sumaila amakhala pa khonde kuyang'anira mandazi a akazi awo, mbendera ija ili m'manja, akuingitsira ntchentche. Tsitsi layera msanga. Wogula akachedwa kusankha, amayamba kumufotokozera kuti nzeruyo payokha inalibe vuto, kuti ku Shiyani imayenda bwinobwino, kuti anthu akanangotsatira timbale zonse zikanakhala bwino.

Tsiku lina akufotokoza zomwezi kwa munthu wodikira chenji, mai Sellah anali kuyanika mawere kuseri kwa mpanda. Anamvetsera mpaka pa timbale, kenako anasuzumira.

"Mlendo ali ndi mimba imodzi, Che Sumaila, inu munailonjeza kwa anthu anayi. Banja la mwanayu munapha ndinu. Atchaina asiyeni, anangodya."