Funso limene ndinafunsa alamu ku Ilford

Lamlungu lapitali mchemwali wanga Esinati anandiitana kunyumba kwake ku Ilford. Iye ndi nesi pa chipatala chachikulu ku Edmonton, ndipo amuna ake, a Chirwa, abwera kudzamuona pa tchuthi. Kwathu alamu angawa ndi osunga katundu ku kopaletivi ya alimi a mtedza, ntchito imene anayamba asanakwatire.

Titatha kudya, Esinati anati, "Achimwene, pali nkhani yabwino. Abambowa akabwerera akukasiya ntchito. Kopaletivi ikuchepetsa anthu, ndiye wofuna kupuma msanga akumulola. Abwera kuno ndi ana."

Ndinakondwa, sindikunama. Komabe ndinafunsa.

"Alamu, mukapuma mwa kufuna kwanu, ndiye Mulungu n'kukuitanani, Esinati ndi ana adzalandira penshoni yanu?"

Esinati anaika kapu pa tebulo pang'onopang'ono.

"Mukuwalodza?" anatero, mawu ali pansi.

A Chirwa anayesa kuseka, koma sizinatheke. "Zimenezo sindinafunse, alamu. Anangoti zathu atipatsa kamodzi."

Lolemba alamu anagula khadi la foni n'kuimbira ofesi yawo. Yankho linali lalifupi. Malamulo a kopaletivi yawo amati mkazi ndi ana amalandira penshoni ngati munthu wamwalira ali pa ntchito, kapena ngati anapuma msinkhu utakwana. Wochoka yekha amatenga zake kamodzi, ubale n'kuthera pomwepo. Ndipo kwa a Chirwa msinkhuwo ukadali patali ndithu.

Kopaletivi iliyonse ili ndi malamulo ake, ndipo mwina kwina zinthu n'zofewerapo. Koma ndi angati mwa ife amene amafunsa?

Ife Amalawi tikapita ku ofesi timafunsa za tsiku lolandira. Za imfa ayi. Wotchula imfa munthu ali moyo ndi mfiti. Mkazi akafunsa za penshoni ya mwamuna, achibale amanong'onezana kuti akufuna chuma. Mwamuna nayenso amachita manyazi kuimirira pamaso pa kalaliki n'kunena kuti, "Nanga ndikafa?"

Ndiye funsolo limadikira. Limadzafunsidwa ndi mkazi wovala zakuda.

Ku tchalitchi kwathu ku Croydon kuli mayi wina wa ku Zimbabwe, makolo ake ochokera ku Dedza. Amuna ake anasiya ntchito ya kopaletivi kuti amutsatire kuno. Ndalama zimene analandira zinalowa m'matikiti ndi lendi. Atamwalira, mayiyo anaimba foni akuyembekeza kanthu ka ana, n'kumva kuti palibe. Mpaka lero abale a mwamuna sakhulupirira. Amati anadya yekha. Safunsa anadya phula, timatero, koma apa wodya phulalo ndi wina amene sanasaine kalikonse.

Ndinadziona ngati ndachita bwino, mpaka Lachinayi pamene Esinati anandiimbira ali pa basi kuchokera ku shifiti.

"Achimwene, mwawasokoneza abambowa. Tsopano akuti ayambe adikira msinkhu ukwane."

"Koma ndi za iwe ndi ana, Esinati."

"Ana akukula osandidziwa. Wamng'ono uja pa foni amandipatsa moni ngati mlendo. Inu mukufuna ndidikire ndalama za maliro? Ine ndikufuna mwamuna wamoyo."

Esinati anadula foni, ndipo sanandiimbirenso.

Alamu akunyamuka Loweruka. Akasaina kalata yosiyira ntchito kapena ayi, sindikudziwa, ndipo si ine woweruza. Chimene ndikudziwa n'chakuti tsopano asankha akuona zonse ziwiri, ngakhale kuti ine zanditayitsa mtendere ndi mlongo wanga.

Inu amene mukukakamiza amuna kapena akazi anu kusiya ntchito kwathu kuti abwere kuno, kodi funsoli mulifunsa lero mwiniwake ali pompo, kapena mukulisiyira wamasiye?