Pamwamba pa Mabelo

Kwathu ku Njombwa mlimi sasiyana ndi fodya wake. Mabelo akakwezedwa pa lole, iwenso umakwera n'kukhala pamwamba pake, poti belo loyenda lokha amalisintha m'njira. Inenso ndinatero. Tisanafike pa msewu wa tala, dalaivala wathu waliwiro analephera kukhota, lole n'kugwa cham'mbali. Mwendo wanga unathyoka pawiri.

Patapita miyezi ndinakafika ku ofesi ya inshuwalansi, ndikuyendera ndodo. Bambo amene ndinawapeza pa desiki anandifunsa mofatsa.

"Dalaivala analakwa, sitikukana. Koma inuyo munakhala pati, bambo?"

Ndinafuna kunena kuti kutsogolo, koma dzanja lawo linali pa lipoti la apolisi.

"Pamwamba pa mabelo."

"Ndiye kuti kuvulalaku inunso munaikapo dzanja. Chipukutamisozi tichidulako."

Ndinamenya ndodo pansi. "Nanga fodya wanga akanamulondera ndani?"

"Pano tikukamba za mwendo," anatero, uku akulemba.

Sindinawauze kuti ndili chigonere m'chipatala, mabelo aja anapita okha kumsika pa lole ina. Anakafika onse, popanda wowakhudza.