Chomwe Anesi Ankafuna Pansi pa Abambo

M'mawa uno ndatsegula botolo la vaselini, fungo lake n'kundibweza ku Likangala, m'chipinda momwe abambo anagona chaka chathunthu atafa ziwalo.

Anesi a kuchipatala ankabwera pa njinga, koma ine sindinkawamvetsa. Jakisoni osabaya, mapiritsi osapereka. Ankangowatembenuza abambo, kuyang'ana kumsana, m'chiuno ndi ku zidendene, kenako n'kuwapaka vaseliniyo. Poti ndinali mwana, ndinkaganiza kuti anataya kanthu pamphasapo. Tsiku lina atapita, ndinapisa dzanja pansi pa abambo.

"Iwe, ukufuna chiyani?" anafunsa amayi.

"Chomwe anesi anataya."

Amayi anachotsa dzanja langa pamphasapo n'kuwafunditsa abambo.

Tsopano amene agona ndi amuna anga. Maola awiri aliwonse ndimawatembenuza, kufunafuna chilonda chomwe ndikupemphera kuti ndisachipeze.